Makaputeni a pa nyanja ya Malawi: chidawakokera kuno n'chiyani?

Mukafika pa boma la Mangochi, musanawoloke mlatho wa pa Shire, mumaona nsanja ya wotchi ya njerwa yomwe idamangidwa pokumbukira Mfumukazi Victoria. Chapafupi pomwepo pali mzinga wachitsulo. Akabaza amaimika njinga zawo cha pamenepo podikira wokwera, ndipo ambiri odutsa sauyang'ananso kawiri. Mzingawo udachotsedwa pa Guendolen, sitima yankhondo ya Angerezi imene idalamulira nyanja yathu kuyambira mu 1899. Kusukulu tidaloweza maina a amishoni ndi a Harry Johnston, koma za anthu amene ankagwira chiwongolero cha sitimazi ndi kutsogolera asilikali tidamva zochepa. Komatu maina awo adakhalapo pa mapu athu. Mchinji kale inkatchedwa Fort Manning, ndipo kum'mawa kwa nyanja, kwa Makanjira, kuli mabwinja a Fort Maguire.

Funso limene landivutitsa nthawi yaitali ndi lakuti: mnyamata wa ku England, wa ntchito yake kale, ankadzafunanji kudziko la malungo kumene anzake ankafa chaka chisanathe? Mabuku akale amayankha kuti ankadzathetsa ukapolo. Zimenezo zilimo ndithu. Koma mukatsatira moyo wa munthu mmodzimmodzi, mupeza kuti ambiri adafika kuno atakanirira pa makwerero a ntchito yawo, ndipo nyanjayi idali pokwerera.

Makwererowo adali otere. Mpaka chaka cha 1871, m'gulu la asilikali a pamtunda a Britain udindo unkagulidwa ndi ndalama. Ukafuna ukaputeni, unkadikira kuti malo atseguke, n'kulipira. Mchitidwewu utathetsedwa, kukwezedwa kudayamba kutengera zaka zimene wagwira, ndipo mzere wake unkasuntha ngati nkhono. Munthu ankatha kumera imvi akadali kaputeni. Malipiro nawo sankakwanira moyo wapamwamba umene mkulu wa asilikali ankayenera kuonetsa ku England, choncho ana a mabanja osapata ankapita ku India, komwe ndalama yomweyo inkakwana. Wodwala kapena wosowa malo ankamuika pa malipiro a theka, n'kumadikira kunyumba. Njira yachidule yodumphira mzere idali imodzi yokha: upezeke pankhondo, dzina lako lilembedwe m'malipoti opita ku London, ulandire mendulo. Pamene nkhondo zikuluzikulu kudalibe, timankhondo ta kumadera akutali tidasanduka mwayi wolimbirana. Ofesala ankabwerekedwa kwa zaka zingapo ku boma la atsamunda kapena ku kampani, kumene ankalandira ndalama zoonjezera ndi kulamulira anthu ochuluka kuposa omwe udindo wake ukadamulola kwawo.

Kwa asilikali a pamadzi kudali khoma lina. Mwana wa m'mphawi wolowa ntchito ngati mmalinyero wamba ankatha kukwera mpaka kukhala woyang'anira mizinga kapena zingwe ndi matanga a sitima, udindo waulemu ndithu, koma pamenepo mpamene padali denga. Kudya tebulo limodzi ndi malefutenanti kudali kwa ena.

Edward Daniel Young adali wa gulu limeneli. Adabadwa mu 1831, ndipo mu 1862 adali woyang'anira mizinga pa sitima yankhondo ya Gorgon pamene David Livingstone adamutenga kuti aziyendetsa sitima yake ya Pioneer pa Zambezi ndi Shire. Kumeneko adadziwa milambo ya mitsinje, adadziwa Amakololo, adadziwanso munthu wina wa ku zilumba za Comoros wotchedwa Musa. Patapita zaka zingapo, Musa yemweyo adafika ku Zanzibar ndi uthenga woti Livingstone waphedwa ndi Angoni kufupi ndi nyanja. Akuluakulu ambiri ku Britain adakhulupirira. Young adakana, chifukwa adagwirapo ntchito ndi mwini uthengawo ndipo sankamukhulupirira. Mu 1867 adamupatsa bwato lachitsulo lophwasuka lotchedwa Search kuti akafufuze.

Mmene adagwirira ntchitoyo ndi chimene chimandichititsa kumulemekeza kuposa ena onse m'nkhani ino. Adakwera Zambezi, nalowa Shire, naphwasula bwato pamunsi pa mathithi. Anthu adasenza zidutswazo mtunda wa makilomita pafupifupi 100, nakalimanganso kumtunda. Atafika kunyanja sadathamangire mfuti. Adakhala pansi n'kumafunsa anthu a m'midzi: mzunguyo adavala bwanji, adanyamula chiyani, adalowera kuti? Anthu adamuonetsa tinthu timene mzunguyo adasiya posinthana ndi chakudya. Mfumu Marenga, kumwera chakumadzulo kwa nyanja, idatsimikiza kuti munthuyo adadutsa ali moyo ndipo anyamata a Musa adachita kumuthawa. Kumayambiriro kwa 1868 Young adali atabwerera ku England ndi yankho, pasanathe chaka chinyamukire.

N'chifukwa chake a mpingo wa Free Church of Scotland atafuna wotsogolera ulendo wa Livingstonia mu 1875, adapempha Young. Dokotala Robert Laws adali mnyamata wa zaka 24 panthawiyo, mkulu wa ulendo adali mmalinyeroyu. Sitima ya Ilala idabwera m'zidutswa. Mafumu a Amakololo adasonkhanitsa anthu mazanamazana, ndipo katundu yense, mpaka zitsulo zolemera za injini, adakwera mapiri a m'mbali mwa mathithi pamitu ndi pamapewa, dzuwa la chilimwe likuswa mtengo. Malipiro adali nsalu. Azungu a paulendowo adachitira umboni kuti palibe kachidutswa kamene kadasowa. Pa 12 Okutobala 1875 Ilala idalowa m'nyanja, anthu a m'sitimamo akuimba Salimo 100, ndipo adakakhazikika ku Cape Maclear. Masabata otsatira Young ndi Laws adazungulira nyanja yonse napeza kuti ndi yaitali kuposa mmene Livingstone ankaganizira. Ntchito itatha, Young adabwerera kukalondera gombe la kwawo ku Dungeness. Munthu amene adaika sitima yoyamba ya injini pa nyanja yaikulu ya mkati mwa Africa sadakwere patali pa makwerero aja. Adamwalira mu 1896.

Frederick Lugard ndi wosiyana naye pa chilichonse. Adabadwira ku Madras, ku India, mu 1858, mwana wa m'busa wa asilikali, naphunzira usilikali ku Sandhurst. Pofika 1887 adali atamenya kale nkhondo ku Afghanistan, ku Sudan ndi ku Burma, ali ndi mendulo yapamwamba pachifuwa. Kenako zinthu zidasokonekera: thupi lidafooka ndi malungo, chibwenzi chimene adaikapo mtima wonse chidatha moipa, ndipo adaikidwa pa malipiro a theka. Adakwera sitima yolowera kum'mawa kwa Africa wopanda ntchito yeniyeni, ngati munthu wosasamalanso za moyo wake. Ali m'njira adamva kuti kampani ya African Lakes, ya Mandala ija, ili pankhondo ku Karonga.

Nkhondoyo sidali yabodza. Mlozi ndi anzake, Kopakopa ndi Msalemu, amalonda a minyanga ndi akapolo, adamanga malinga pakati pa Angonde nayamba kuwalanda dziko. Mu 1887 Angonde ambiri adathawira m'mabango a ku Kambwe, mabangowo adayatsidwa moto, ndipo othawa moto adakumana ndi mfuti kapena ng'ona. Koma kampaniyo nayo idali ndi chake choteteza, njira ya malonda yopita ku nyanja ya Tanganyika. Idalibe asilikali, idali ndi makalaliki, alenje a njovu ndi Atonga mazana angapo onyamula mfuti. Itaona kaputeni weniweni ku Blantyre mu 1888, idamupatsa utsogoleri msangamsanga.

Mu Juni chaka chomwecho Lugard adatsogolera gulu lake mbandakucha kukathyola linga la Kopakopa. Linga lija lidali la mitengo yomata dothi, lokhala ndi timabowo toombera. Ali pakhoma penipeni, chipolopolo chimodzi chidalowa mkono wamanja, chidadutsa pachifuwa, n'kukaphwanya dzanja lamanzere. Adapulumuka, koma dzanjalo lidamuvutitsa moyo wake wonse. Adadikira miyezi kuti mzinga ufike, ndipo utafika, zipolopolo zake zinkangoboola dothi n'kudutsa, khoma osagwa. Mu Malichi 1889 adachoka Mlozi akadali m'linga mwake.

Apa mpamene makwerero aja amaonekera bwino. Ku Karonga Lugard adalephera, koma ku Britain adafika ngati ngwazi yovulala polimbana ndi ukapolo. Adalemba, adayankhula pamisonkhano, dzina lidamveka. Mu 1890 kampani ina idamutuma ku Uganda, komwe mfuti yake ya chiwaya idagamula nkhondo ya ku Mengo mu 1892. Kuchoka apo adapita ku West Africa, nakhala wolamulira kumpoto kwa Nigeria kuyambira 1900, bwanamkubwa wa Hong Kong kuyambira 1907, ndipo mu 1914 ndiye adalumikiza kumpoto ndi kumwera kwa Nigeria kukhala dziko limodzi. Njira yake yolamulira anthu kudzera mwa mafumu awo idabwereranso kuno mu 1933, boma la Nyasaland litakhazikitsa malamulo opatsa mafumu mabwalo ndi mphamvu pansi pa bwana DC. Ine ndikaganiza za Atonga amene adagwa pakhoma la Kopakopa m'mawa umene uja, mtima suvomera kuti nkhaniyi ikambidwe ngati chiyambi chabe cha ntchito yaikulu ya munthu mmodzi.

Sikuti Angerezi okha ndi amene ankasaka dzina. Mu 1889 Meja Alexandre de Serpa Pinto wa ku Portugal adakwera Shire ndi gulu lankhondo, nakantha Amakololo mu Novembala, ndipo lefutenanti wa pamadzi João de Azevedo Coutinho adapitiriza mpaka kudutsa Ruo. Britain idaopseza Portugal pa 11 Januwale 1890, Apwitikizi nabwerera. Malire athu a ku Chiromo adachokera pa mkangano umenewo.

Harry Johnston, amene adakhazikitsa boma la atsamunda mu 1891, sadali msilikali. Ndalama adali nazo zochepa, mapaundi 10,000 pachaka ochokera ku kampani ya Cecil Rhodes. Asilikali adakawabwereka ku India. Amene adabwera nawo ndi Kaputeni Cecil Maguire, wa gulu la apakavalo la ku Hyderabad, mchimwene wa Rochfort Maguire amene adali mnzake wa Rhodes. Adafika ndi Amwenye pafupifupi 70, ena Asikhi, ena Asilamu. M'miyezi yochepa adamenyana ndi Chikumbu ku Mulanje, adamanga linga moyang'anana ndi kwa Mponda limene lidatchedwa Fort Johnston, natentha mudzi waukulu wa Makanjira.

Mu Disembala 1891 adamva kuti ngalawa ziwiri za Makanjira zabisidwa pagombe lina la kum'mawa. Ngalawa ndizo zidali msana wa malonda a akapolo, chifukwa ndizo zinkawolotsa anthu kuchokera kumadzulo. Maguire adakwera Domira, sitima ya Mandala, ndi asilikali ochepa. Adatsika, nawononga ngalawazo, koma anthu a Makanjira adatulukira ochuluka, mphepo idakula, ndipo bwato lobwererera lidasweka pamiyala. Asilikali adalowa m'madzi kulunjika kusitima. Maguire adawomberedwa ali m'madzimo, atatsala pang'ono kufika. Chingwe chidakola chopalasira cha Domira, sitima nititimira mumchenga pafupi ndi mfuti za adani, ndipo idakhala pomwepo masiku angapo. Dokotala wa gululo, Boyce, ndi mkulu wa injini, McEwan, adatsikira kumtunda atalonjezedwa mtembo wa kaputeni wawo, naphedwa onse awiri. Amene amaidziwa nyanja ino sangadabwe ndi mbali ya mphepoyo. Asodzi a kwa Makanjira amayang'ana kumwamba asanakankhe bwato, pomwe Maguire adali atakhala m'dziko muno miyezi yowerengeka, ndipo adali pachangu.

Imfa yakeyo idafulumizitsa kubwera kwa sitima zankhondo. Pofika 1893 Pioneer ina ndi Adventure zidali panyanja, zitasenzedwanso m'zidutswa. Maofesala ena adatsatira kuchokera ku India. Mmodzi mwa iwo, William Manning, adafika mu 1893 ali lefutenanti, nadzakhala woyendera wamkulu woyamba wa King's African Rifles, gulu limene lidakhazikitsidwa mu 1902 ndipo makolo athu ankalitchula kuti Keyala. Pambuyo pake adakhala bwanamkubwa wa Nyasaland, kenako wa Jamaica ndi Ceylon. Makwerero adamuyendera. Anzake ena adagona m'manda a ku Zomba ndi ku Fort Johnston ndi malungo a mkodzo wakuda. M'zaka zomwezo magulu ankhondowa adagonjetsa mafumu a Chiyawo mmodzimmodzi, ndipo mu 1896 adapha Inkosi Gomani Chikuse ya Angoni a Maseko. Pamenepo nkhani sidalinso ya akapolo ayi, idali ya msonkho, antchito a m'minda ya azungu, ndi funso loti mwini dziko ndani.

Ajeremani nawo adali ndi wawo, Hermann von Wissmann, msilikali amene adathetsa kuukira kwa Abushiri kugombe la Tanzania ya lero. Mu 1893 adaika panyanja sitima yotchedwa dzina lake lomwe. Nthawi imeneyo azungu a mbali ziwirizi ankathandizana, moti mu 1895 Johnston adabwereka sitima ya Ajeremaniyo kunyamulira asilikali opita kukamaliza nkhondo ya Mlozi.

Kaputeni amene ambiri amamudziwa ndi Edmund Rhoades wa Guendolen. Adali wa gulu la amalinyero osungidwira nthawi ya nkhondo, ndipo adakhala pa nyanja ino zaka zambiri. Ntchito yake yokhalitsa sidali yamfuti. Adayeza kuya kwa nyanja ndi chingwe, malo ndi malo, najambula mapu amene oyendetsa sitima adadalira zaka zambiri pambuyo pake. Moyo wa kaputeni wa panyanja udali wotero masiku ambiri: kuima pamadoko kukweza nkhuni zosonkhezera injini, kunyamula makalata, mabwana a boma ndi asilikali, kuthawira m'khonde mwera ukauka. Azungu oyendetsa sitima adali owerengeka, ndipo ankadziwana onse. Rhoades ndi Kaputeni Berndt wa sitima ya Hermann von Wissmann adali mabwenzi omwera limodzi.

Nkhondo itabuka ku Ulaya mu Ogasiti 1914, uthenga udafika ku Zomba pa lamya ya waya, ndipo Rhoades adalamulidwa kukawononga sitima ya mnzake. Chifukwa chake chidali chomveka: mseu wodalirika wopita kumpoto kudalibe, ndiye wolamulira nyanja ndiye akadatha kufikitsa asilikali ku Karonga. Pa 13 Ogasiti m'mawa Guendolen idalowa pa doko la Sphinxhafen, lomwe lero ndi Liuli ku Tanzania, nipeza sitima ya Ajeremani ili pamtunda, ikukonzedwa. Adaomba kangapo mpaka chipolopolo chimodzi chidamenya. Nkhani imene imakambidwa mpaka lero ndi yakuti Berndt adapalasa kabwato kudza ku Guendolen ali wolusa, akufunsa Rhoades ngati waledzera. Uthenga wa nkhondo udali usanamufike. Adagwidwa pomwepo ngati mkaidi wa nkhondo, ndipo Angerezi adachotsa mfuti ndi zida zina za injini pa sitima yakeyo. Nyuzipepala ya The Times ku London idalengeza za chipambano cha pamadzi pa nyanja ya Nyasa. Mu Meyi 1915 gulu lina lidabwereranso ku Sphinxhafen kukaiwonongeratu kuti isakonzedwe.

Nkhaniyi anthu amaikamba moseka, ndipo ndi yoseketsadi. Koma zotsatira zake sizidali zoseketsa. Nyanja itatseguka, sitima za boma, za kampani ndi za amishoni, kuphatikizapo Chauncy Maples, zidatengedwa kunyamula asilikali a Keyala kupita kumpoto. Pa 9 Seputembala 1914 gulu la Kaputeni C. W. Barton lidamenyana ndi Ajeremani ku Karonga, nawabweza kutsidya kwa Songwe. Mbali zonse ziwiri, ochuluka mwa akufa adali anthu akuda. Imfa zimenezi ndi zimene zidamulembetsa John Chilembwe kalata yodandaula kuti anthu ake akufera nkhondo yosawakhudza, miyezi iwiri asanaukire mu Januwale 1915. Kuyambira 1916, mkulu wa asilikali a Angerezi Edward Northey atayamba kulowa m'dziko lolamulidwa ndi Ajeremani, Tanzania ya lero, chakudya ndi zipolopolo zinkakwera nyanja pa sitima, n'kutsikira pamitu ya anthu. Amuna a Nyasaland pafupifupi 200,000 adagwira ntchito ya mtengatenga, ambiri mochita kugwidwa, ndipo ena pafupifupi 19,000 adali asilikali. Ochuluka adafa ndi njala, kamwazi ndi chisanu cha m'mapiri. Agogo athu adaitcha nkhondo ya chiwaya. Mukaonera malipenga kapena beni, amuna atavala makabudula oyera akuguba pamzere, wina akutchedwa kaputeni, wina sajeni, mukuona perete imene obwera kunkhondo adaitenga n'kuisandutsa yawo.

M'gule anthu adadzipatsa maudindo amene pantchito yeniyeni adali oletsedwa kwa iwo. Denga limene Young adaligunda, msilikali wakuda adaligunda lotsika kwambiri. Ngakhale atamenya nkhondo ku Somaliland kapena kwa Asante ku Ghana ya lero, kumene asilikali a kuno adatumizidwa cha m'ma 1900, sakadapitirira usajeni meja. Mnyamata wongofika kumene kuchokera ku Sandhurst, wosadziwa Chinyanja kapena Chiyawo, ankamulamulira.

Mu Disembala 1895, linga la Mlozi litagwa ndi mizinga, mwini wake sadaoneke. Asilikali adafufuza paliponse. Malinga ndi zimene Johnston mwiniwake adalemba, amene adamupeza adali Sajeni Bandawe, Mtonga, yemwe adazindikira kuti pansi pa nyumba pali chipinda chobisika, nalowamo yekha, namutulutsa wamoyo. Mlozi adazengedwa mlandu pamaso pa mafumu a Angonde, napachikidwa. Ntchito imene idakanika Lugard zaka zisanu ndi ziwiri m'mbuyomo adaimaliza ndi manja ake ndi munthu wa m'mbali mwa nyanja yomweyi. Palibe linga limene lidatchedwa dzina lake. Gulu limene ankatumikira lidasanduka Keyala, Keyala idasanduka Malawi Rifles dziko litalandira ufulu mu 1964, koma ngakhale pamenepo mkulu wa asilikali adakhalabe Mngerezi kwa zaka zina zisanu ndi zitatu. Mmalawi woyamba kukhala pampandowo adali Graciano Matewere, mu 1972.